Kunyalanyaza mtima wa mwana: zotulukapo zake ndi thandizo la uphungu

Kunyalanyaza mtima wa mwana ndi mkhalidwe umene makolo kapena omulera amalephera, kwa nthawi yaitali, kuona ndi kuyankha zimene mwanayo akumva mumtima mwake, monga mantha, cisoni, mkwiyo ndi cimwemwe. Mwana wotere angathe kudya nsima tsiku lililonse, kuvala bwino ndi kupita ku sukulu, koma akalira palibe womufunsa cimene camuvuta, ndipo akakondwa palibe wokondwera naye. Bungwe loona za umoyo pa dziko lonse la World Health Organization, WHO, limaika kunyalanyaza ana m'gulu limodzi ndi kuwamenya, kuwatukwana ndi kuwagwirira, monga mitundu ya nkhanza zocitira ana.

Vuto limeneli ndi lovuta kulizindikira. Mwana womenyedwa amakhala ndi zipsera, ndipo aneba amamva kulira kwake. Koma mwana wonyalanyazidwa amavutika ndi zinthu zimene sizinacitike: sanafukatidwe, sanatonthozedwe, sanafunsidwe maganizo ake. Ici ndico cifukwa cake anthu ambiri amakula osadziwa kuti pali cimene anasowa, ndipo akafunsidwa za ubwana wao amayankha kuti zonse zinali bwino.

Kukula kwa vuto

M'caka ca 2013, akatswiri a pa yunivesite ya Leiden ku Netherlands, motsogozedwa ndi a Marije Stoltenborgh, anasonkhanitsa zotuluka za kafukufuku wocitika m'maiko osiyanasiyana. Iwo anapeza kuti pafupifupi ana 18 mwa ana 100 alionse amanyalanyazidwa mumtima, pomwe ana 16 mwa 100 amanyalanyazidwa pa zofunika za thupi monga cakudya, zovala ndi mankhwala. Nkhaniyi inafika kwa anthu wamba ambiri kupyolera m'buku lochedwa Running on Empty, limene katswiri wa za maganizo wa ku America, a Jonice Webb, anatulutsa m'caka ca 2012.

Mmene akatswiri anadziwira za vutoli

Kwa zaka zambiri madotolo ankakhulupirira kuti khanda limafuna mkaka, ukhondo ndi malo ofunda cabe. M'caka ca 1945, a René Spitz anafalitsa zimene anaona m'nyumba ziwiri zosungiramo makanda. M'nyumba yoyamba, ana anali kudya mokwanira ndi kugona pa malo aukhondo, koma namwino mmodzi anali kusamalira makanda angapo ndipo analibe nthawi yowanyamula kapena kukamba nao. Nyumba yaciwiri inali ya pa ndende ya azimai, kumene amai anali kulera okha ana ao. Ana a ku ndende anakula bwino. Ana a m'nyumba yoyamba anafooka, anacedwa kuyenda ndi kulankhula, ndipo 34 mwa ana 91 anamwalira m'zaka ziwiri.

M'caka ca 1951, dotolo wa ku Britain, a John Bowlby, analembera bungwe la WHO lipoti la umoyo wa maganizo wa ana osowa pokhala nkhondo yaciwiri ya dziko lonse itatha. Iwo anafotokoza kuti khanda limafunika munthu womukonda amene amakhalapo nthawi zonse, amai ake kapena wina wolowa m'malo mwao. Mnzao wa nchito, a Mary Ainsworth, anakhala ku Uganda m'zaka za 1954 ndi 1955, akuyendera mabanja 26 m'midzi yozungulira Kampala. Anaona kuti makanda amene amai ao anali kuyankha msanga akalira ndi amene anali olimba mtima kukwawa ndi kuseŵera patali, podziŵa kuti pali kothawira. Motero maziko a ciphunzitso cimeneci anaikidwa mu Africa muno.

Ku America, a Harry Harlow anaonetsa m'caka ca 1958 kuti ana a anyani olekanitsidwa ndi amai ao anali kukakamira cidole ca nsalu yofewa cimene cinalibe mkaka, n'kumapita ku cidole ca mawaya cokhala ndi botolo pa nthawi ya njala cabe. M'zaka za m'ma 1970, a Edward Tronick anapempha azimai kuti aleke kumwetulira ndi kuyankha makanda ao kwa mphindi zocepa. Makandawo anayesa kumwetulira, kutambasula manja ndi kufuula, ndipo pamene amai ao sanayankhe, anayang'ana kumbali ndi kuyamba kulira.

Ana a ku Romania

Umboni wamphamvu kwambiri pa nkhaniyi unacokera ku Romania. M'caka ca 1966, mtsogoleri wa dzikolo, Nicolae Ceaușescu, anakhazikitsa lamulo loletsa kucotsa mimba pofuna kuculukitsa anthu, ndipo njira za cilezi nazonso zinakhala zosowa. Mabanja osauka anabala ana amene sakanatha kuwalera, ndipo boma linawatenga n'kuwaika m'nyumba zake. Pamene ulamuliro wa Ceaușescu unagwa m'mwezi wa December 1989, ana oposa 100,000 anapezeka m'nyumba zimenezo. Nthawi zambiri mlezi mmodzi anali kusamalira ana oposa 10. Alendo amene analowamo anadabwa ndi bata: m'zipinda zodzala ndi makanda munalibe kulira, cifukwa anawo anali ataphunzira kuti ngakhale alire palibe amene adzabwera. Ambiri anali kungodzigwedeza okha m'mabedi ao.

M'caka ca 2000, akatswiri atatu a ku America, a Charles Nelson, a Nathan Fox ndi a Charles Zeanah, anayamba kafukufuku mumzinda wa Bucharest. Anatenga ana 136 a miyezi 6 kufika 31 okhala m'nyumba za boma. Mwa maere, theka la anawo linaperekedwa kwa mabanja ophunzitsidwa kuti akaleredwe pa nyumba, ndipo theka lina linatsala kumene linali. Magulu onse awiri anayerekezeredwa ndi ana amene anakulira kwa makolo ao.

Zotuluka zake zinafalitsidwa m'caka ca 2007. Pa msinkhu wa zaka 4 ndi theka, pa muyeso wa nzeru wochedwa IQ, ana otsala m'nyumba za boma anapeza 73, opita ku mabanja anapeza 81, ndipo okulira kwa makolo ao anapeza 109. Pa msinkhu wa miyezi 42, ana 49 mwa 100 a ku mabanja anali atagwirizana mwamtendere ndi owalera, poyerekeza ndi 18 mwa 100 a m'nyumba za boma. Ana amene anapindula kwambiri ndi aja anapita ku mabanja asanakwanitse zaka ziwiri. Lamulo la ku Romania la m'caka ca 2004 linaletsa kuika ana osakwana zaka ziwiri m'nyumba zotere, kupatula olemala kwambiri.

Kafukufuku wina, woyambitsidwa ndi a Michael Rutter, anatsatira ana 165 a ku Romania amene anatengedwa ndi mabanja a ku Britain. Lipoti la m'caka ca 2017 linaonetsa kuti ana amene anacotsedwa asanathe miyezi 6 anakula mofanana ndi ana ena oleredwa ku Britain. Ambiri mwa amene anakhalamo kupitirira miyezi 6 anali ndi mavuto mpaka pa ukulu: kulephera kuika maganizo pa cinthu cimodzi, kuzolowerana ndi mlendo aliyense mosasankha, ulova ndi nkhawa. Komabe mmodzi mwa asanu alionse a gulu limeneli analibe vuto lililonse pa nthawi yonse ya kafukufuku. M'caka ca 2020 kunapezekanso kuti ubongo wa anthu amenewa, atakula, unali wocepa ndi pafupifupi magawo 9 mwa 100 poyerekeza ndi wa anzao.

Zimene zinacitika ku Romania zinali zoopsa kupambana zimene zimacitika m'nyumba wamba. Ngakhale n'tero, zinatsimikizira zinthu ziwiri: kusowa womumvera kumavulaza mwana ngakhale ali ndi cakudya, ndipo mwana akapeza womukonda amatha kubwezeretsa zambiri zimene anataya.

Zimene zimacitika m'thupi

M'zaka zoyamba za moyo, ubongo wa mwana umapanga malumikizidwe oposa 1 miliyoni pa sekondi iliyonse. Malumikizidwewo amalimba pamene mwana acita kanthu ndipo wamkulu ayankha. Khanda likatulutsa mau, amai ake n'kulibwezera mau, kapena likaloza nkhuku, ambuya ake n'kuichula dzina, ubongo umakhala ukumangidwa.

Mwana akacita mantha, mtima umagunda msanga ndipo thupi limatulutsa homoni yochedwa cortisol. Khanda silingathe kudzikhazika mtima pansi palokha. Limadalira wamkulu kuti alinyamule, alibereke kumsana kapena aliimbire, kufikira thupi litabwerera mwakale. Izi zikacitika kambirimbiri, mwana amaphunzira kudzitonthoza yekha. Zikapanda kucitika, thupi limazolowera kukhala cire ngati kuti ngozi ili pafupi, kapena limazizira osamvanso kanthu. Mwana amatengaponso phunziro lakuti zimene akumva n'zosafunika, ndipo phunziro limeneli amakula nalo.

Zotulukapo kwa munthu wamkulu

Pakati pa 1995 ndi 1997, a Vincent Felitti ndi a Robert Anda anafunsa anthu oposa 17,000 mumzinda wa San Diego ku America za zowawa za pa ubwana wao. Lipoti lao loyamba, la m'caka ca 1998, linaonetsa kuti anthu amene anakumana ndi mitundu 4 kapena yoposerapo ya zowawazo anali pa ciopsezo cacikulu, kuwirikiza ka 4 kufika ka 12, ca ucidakwa, mankhwala osokoneza bongo, matenda ovutika maganizo ndi kuyesa kudzipha. M'gawo laciwiri la kafukufukuyo anaonjezera mafunso a kunyalanyazidwa, ndipo pafupifupi anthu 15 mwa 100 anati ananyalanyazidwa mumtima. Kafukufuku wina wa m'caka ca 2012 anapeza kuti anthu amene anacitiridwa nkhanza pa ubwana amakhala pa ciopsezo cowirikiza kawiri ca matenda ovutika maganizo obwerezabwereza kapena okhalitsa.

Aphungu amachula zizindikiro zingapo zimene amaziona kawirikawiri. Munthu amamva ngati m'kati mwake mulibe kanthu, ngakhale ali ndi nchito, banja ndi nyumba. Akafunsidwa mmene akumvera amasowa mau, amangoti ali bwino. Kupempha thandizo amakuona ngati kuvutitsa anthu, motero amasenza yekha mavuto onse. Amadziimba mlandu pa zolakwa zazing'ono zimene akanakhululukira mnzake mosavuta. Ena amavomera ciliconse poopa kukanidwa, ena amathawa ubwenzi ukayamba kuzama. M'cikwati, mwamuna kapena mkazi wake amadandaula kuti akukhala ndi munthu wosatsegula mtima. Kwa ena vuto limatulukira m'thupi: mutu wosatha, kusowa tulo, kupweteka kwa m'mimba ndi kutopa, ndipo akapimidwa ku cipatala matenda sapezeka.

Zizindikiro zimenezi zingathe kubweranso ndi zifukwa zina, conco munthu asadzigamule yekha. Ndi bwino kukambirana ndi wa zaumoyo wophunzitsidwa.

Cimene cimapangitsa makolo kutero

Makolo ambiri amene amanyalanyaza mtima wa ana ao amawakonda anawo. Ena anakula motero iwo eni, ndipo sangapereke cimene sanalandire. Ena amacoka m'mamawa kupita ku msika, ku munda kapena ku nchito n'kubwerera usiku ali otopa. Mowa, ndeu za m'nyumba, matenda aakulu ndi maliro zimacotsa maganizo a kholo pa mwana. Bungwe la WHO likuti m'maiko osauka, pafupifupi amai 20 mwa 100 amene angobala kumene amadwala matenda a maganizo, makamaka kuvutika maganizo, ndipo amai wotere amavutika kumwetulira ndi kuseŵera ndi khanda lao.

Muno mu Zambia, mliri wa AIDS wa m'zaka za m'ma 1990 ndi 2000 unasiya ana amasiye ambiri m'manja mwa ambuya ao, azakhali ndi amalume, amene analinso pa cisoni ca kutaya ana ndi abale ao. Ambiri mwa ana amenewo anadyetsedwa ndi kuphunzitsidwa ndi acibale odzipereka, koma sanapatsidwe mpata wolira kapena wofunsa za imfa ya makolo ao. Lero iwo ndi makolo. Palinso mau amene amakambidwa popanda colinga coipa, monga akuti mwamuna salira, kapena akuti mwana sayankha akulu akamakamba. Ulemu ndi cinthu cabwino, koma mwana amene samvedwa ngakhale kamodzi amaleka kukamba za mumtima mwake.

Kodi munthu angacire?

Yankho la akatswiri ndi lakuti inde. M'caka ca 2022, magazini ya The Lancet Psychiatry inafalitsa zotuluka za mayeso 29 okhudza anthu 6,830 odwala matenda ovutika maganizo, ndipo oposa 60 mwa 100 mwa iwo anakumana ndi zowawa pa ubwana. Kunapezeka kuti anthu amenewa anayamba thandizo ali odwala kwambiri kuposa anzao, koma uphungu ndi mankhwala zinawathandiza mofanana ndi ena onse.

Uphungu wa mtundu umenewu ndi wosiyana ndi cilangizo ca kwa alangizi, kumene wamkulu amakamba ndipo wamng'ono amamvera. Pano wofuna thandizo ndiye amakamba kwambiri, ndipo phungu amachera khutu, amafunsa mafunso ndi kusunga cinsinsi. Nchito yoyamba imakhala kuphunzira kuchula zimene munthu akumva: kusiyanitsa mkwiyo ndi cisoni, manyazi ndi mantha. Kwa munthu amene sanafunsidwepo funso lotere, zimenezi zingatenge milungu ingapo. Pambuyo pake amayamba kuona kugwirizana kwa zimene anasowa ali mwana ndi mmene amacitira zinthu lero. Ambiri amalira pa nthawi imeneyi, ndipo ena amadzimva ngati akuneneza makolo ao. Phungu wabwino amathandiza munthu kuvomereza zonse ziwiri: kuti makolo ake anayesetsa, ndiponso kuti iye anasowadi kanthu.

Pali njira zingapo zoyesedwa. Njira ya CBT, imene a Aaron Beck anayambitsa m'zaka za m'ma 1960, imathandiza munthu kugwira maganizo monga akuti “ndine wacabecabe” kapena “ndikapempha thandizo adzandiseka”, kuwapima ngati ndi oona, ndi kuyesa kacitidwe katsopano pang'onopang'ono. Njira ya IPT, ya a Gerald Klerman ndi a Myrna Weissman, imayang'ana pa maliro, mikangano, kusintha kwa moyo ndi kusungulumwa, ndipo ingacitike m'gulu. Njira ya TF-CBT inakonzedwera ana ndi acinyamata, ndipo kholo kapena womulera amatengamo mbali. A Paul Gilbert a ku Britain anakonza njira yophunzitsa anthu odzida okha kudzicitira cifundo. Pamene matenda ovutika maganizo ali aakulu, dotolo angaonjezere mankhwala.

Kucira sikufafaniza zakale, ndipo sikuyenda mofanana tsiku ndi tsiku. Kumaonekera m'zinthu zazing'ono: munthu akutha kuuza mkazi wake kuti wakhumudwa m'malo mokhala cete kwa masiku atatu, akutha kukana pempho popanda kudziimba mlandu, akutha kunyamula mwana wake wolira popanda kupsa mtima.

Zimene zayesedwa mu Zambia ndi maiko oyandikana nafe

Madotolo a matenda a maganizo ndi ocepa m'dziko muno, koma kafukufuku waonetsa kuti anthu wamba ophunzitsidwa bwino ndi kuyang'aniridwa angathe kupereka uphungu wothandiza. M'caka ca 2015, a Laura Murray a pa yunivesite ya Johns Hopkins, pamodzi ndi akatswiri a muno mu Zambia, anafalitsa zotuluka za mayeso a TF-CBT m'makomboni asanu a mu Lusaka. Ana 257 a zaka 5 kufika 18, amene anakumana ndi zowawa monga nkhanza ndi imfa ya makolo, anatengamo mbali. Mwa ana amene analandira uphunguwo, zizindikiro za kuvutika zinatsika ndi pafupifupi magawo 82 mwa 100, pomwe mwa olandira thandizo la masiku onse zinatsika ndi magawo 21.

M'caka ca 2020, mayeso ena a mu Lusaka, okhudza mabanja 248, anaonetsa kuti uphungu wochedwa CETA unacepetsa nkhanza zocitira azimai ndi kumwa mowa mopitirira muyeso kwa amuna ao. Zinthu ziwirizi ndi zina mwa zimene zimalanda ana cisamaliro ca makolo. Bungwe la StrongMinds linayamba kupereka uphungu wa m'magulu muno mu Zambia m'caka ca 2019.

Ku Zimbabwe, dotolo Dixon Chibanda anayambitsa nchito ya Friendship Bench ku Mbare mumzinda wa Harare m'caka ca 2006. Azimai acikulire ophunzitsidwa amakhala pa benchi panja pa kiliniki ndi kukambirana ndi anthu ovutika ndi cimene Ashona amachula kuti kufungisisa, ndiko kuganiza kwambiri. Pa mayeso a anthu 573 ofalitsidwa m'caka ca 2016, patapita miyezi 6, anthu 14 mwa 100 amene anakhala pa benchi anali akali ndi zizindikiro za matenda ovutika maganizo, poyerekeza ndi 50 mwa 100 a gulu lina.

Zimene banja lingacite

Akulu amati m'mera mpoyamba. Ku Kingston m'dziko la Jamaica, m'zaka za 1986 ndi 1987, a Sally Grantham-McGregor anayamba kafukufuku wa ana 129 opinimbira. Anchito a zaumoyo anali kuyendera ena mwa mabanjawo kwa ola limodzi pa mlungu kwa zaka ziwiri, akuphunzitsa amai kuseŵera, kukamba ndi kuyamikira ana ao. Patapita zaka 20, ana amenewo anali kulandira malipiro oposa a anzao ndi magawo 25 mwa 100. Pa cisumbu ca Kauai ku Hawaii, a Emmy Werner anatsatira ana 698 obadwa m'caka ca 1955, ndipo anapeza kuti mmodzi mwa atatu alionse obadwira m'mavuto aakulu anakula bwino. Cimodzi mwa zimene zinawachinjiriza cinali kukhala ndi wamkulu mmodzi wowasamala, kaya ambuya, azakhali, mphunzitsi kapena mneba. Apa mwambi wakuti mwana wa mnzako ngwako yemwe upeza umboni wake.

Zimene mwana afuna sizifuna ndalama. Kumuyang'ana pamene akukamba, kumufunsa cimene camuliza asanauzidwe kuti aleke, kuchula cimene akumva, kuyamikira khama lake, ndi kupepesa pamene wamkulu walakwa, zonsezi zimamanga mtima wa mwana. Palibe kholo limene limayankha bwino nthawi zonse. Cofunika ndi cakuti kholo libwerere kwa mwana pambuyo pa kusamvana, kuti mwanayo adziwe kuti sanatayidwe.

Kumene thandizo lipezeka

Lamulo la Mental Health Act la m'caka ca 2019, limene linalowa m'malo mwa lamulo lakale la 1949, limachinjiriza ufulu ndi ulemu wa anthu odwala matenda a maganizo. Lamulo la Children's Code Act la m'caka ca 2022 linasonkhanitsa malamulo okhudza ana, ndipo limaika udindo wosamalira mwana pa makolo ndi omulera.

Munthu wofuna thandizo angayambire pa kiliniki yapafupi, kumene angatumizidwe kwa phungu kapena ku cipatala cacikulu. Cipatala ca Chainama Hills mu Lusaka ndico cacikulu pa matenda a maganizo m'dziko muno. Ana, kapena aliyense woona mwana akuvutika, angatume lamya yaulere pa nambala 116 ya Childline, ndipo akulu angatume pa 933 ya Lifeline. Nkhani za mwana wosowa cisamaliro zingaperekedwenso ku ofesi ya Social Welfare ya m'boma lanu. Munthu amene ali ndi maganizo ofuna kudzipha afunika kuperekezedwa ku cipatala tsiku lomwelo, ndipo asasiyidwe yekha.